A Ovidio, Owerenga Zigoli a ku Peñalobar

A Ovidio Carracedo anagawa makalata ku Peñalobar zaka makumi atatu ndi chimodzi, wapansi, chikwama chachikopa chili paphewa. Palibe munthu angaime lero n'kunena kuti kalata yake inatsegulidwa panjira, kapena kuti inagona m'chikwama chifukwa kunja kunali chisanu. Zimenezi anthu amavomera mosavuta. Chimene safuna kumva ndi nkhani ya Lamlungu lomaliza la mwezi wa Meyi m'chaka cha 1986. Ukangoiyamba mu bala, wina amakumbukira mwadzidzidzi kuti wasiya mphika pamoto, wina amayamba kufunsa za mvula. Komatu ambiri mwa iwo analipo tsikulo, ndipo aliyense amakumbukira bwino pamene anaima ndi mawu amene anatuluka pakamwa pake.

Bambo awo a Ovidio anaphedwa ndi fumbi la mu mgodi wa malasha, akutsokomola mpaka nthiti kuwawa, ndipo mayi awo analumbira kuti mwana wawo sadzalowa pansi pa nthaka ali wamoyo. N'chifukwa chake a Ovidio anakhalitsa pasukulu kuposa anzawo, kenako n'kulowa ntchito ku positi. Anakwatira mochedwa, mkazi n'kumwalira msanga, kuwasiyira mwana mmodzi wamkazi, Adelina. Mpira sankautha. Ali anyamata anauyesa kawiri, anzawo n'kuwapempha mwaulemu kuti azingowasungira majekete. Koma maso anali nawo, ndipo munthu aliyense m'chigwamo ankamudziwa dzina lake pamodzi ndi la amake.

Nyuzipepala ya m'chigawo inkapereka chaka ndi chaka Nsapato ya Mkuwa kwa amene wamwetsa zigoli zambiri mu ligi ya midzi ya m'chigwa. Anangotengera akuluakulu a ku Madrid ndi Pichichi wawo, mphotho ya womwetsa wamkulu wa dziko lonse, ndipo anatengera ndi kawerengedwe komwe: zigoli sankazitenga pa lipoti la oyimbira mpira, ankawerenga zimene anthu awo aona. Mudzi uliwonse unali ndi munthu wake, mphunzitsi kapena wometa tsitsi kapena wogulitsa mankhwala, amene ankaimba telefoni Lamlungu madzulo isanakwane hafu pasiti seveni n'kutchula mayina a omwetsa. Dzina limene watchula ndilo linkasindikizidwa Lolemba, ndipo likasindikizidwa panalibenso apilo. Ku Peñalobar munthu ameneyo anali a Ovidio, kuyambira 1968. Mphotho yawo inali nyuzipepala yaulere ndi kakhadi kolowera pabwalo limene linalibe mpanda.

Aliyense ankadziwa mmene ntchitoyi inkayendera. Chigoli chokayikitsa chinkapita kwa womwetsa wa m'mudzi, basi. Ku Riofresno, mudzi wa kumunsi kwa mtsinje, wogulitsa mankhwala amene ankaimba telefoni anali atapatsa Quiroga wawo zigoli zinayi zimene sanazikhudze n'komwe. Chimodzi mwa izo wotchinga kumbuyo wa alendo anadzimwetsa yekha ndi mutu, Quiroga ali chogwada pakati pa bwalo akumanga chingwe cha nsapato. Anthu ankati kumeneko ndiye kukonda kwanu. Ndi mawu okoma, ndipo mbava zambiri zakhala zikubisala m'mawu amenewa. A Ovidio sankachita nawo. Sankakhala pa mabenchi ndi anzawo. Ankaima kuseri kwa golo limene timu ya Peñalobar ikumwetsa, kabuku ndi pensulo m'manja, chigawo chikatha n'kuzungulira ku golo linalo. Zaka khumi ndi zisanu ndi zitatu anthu ankawayamikira chifukwa cha zimenezi. Chilungamo chimakoma chikamaluma nyumba ya mnzako.

Chaka cha 1986 womwetsa wa Peñalobar anali Nicanor Tascón, mkamwini wawo, mwamuna wa Adelina. Anali wa mu mgodi, wa zaka makumi atatu ndi ziwiri, mawondo atayamba kale kulira, ndipo chibadwire anali asanamwetsepo monga anachitira chaka chimenecho. Lamlungu lomaliza linamupeza ali ndi zigoli 24. Quiroga anali atasewera Loweruka n'kumaliza ndi 25. Lamulo linkati anthu awiri akafanana, Nsapato ipite kwa amene wasewera masewero ochepa, ndipo Quiroga anali ataphonya atatu atavulala bondo. Choncho chigoli chimodzi sichikanathandiza kanthu. Nicanor ankafunika ziwiri. Peñalobar inali isanapambanepo chilichonse, ngakhale chikho cha malata.

Chikwatiwire Adelina, a Ovidio ankadya kwa mwana wawoyo Lamlungu lililonse masana. Kunyumba kwawo kunalibe wina woti alankhule naye, ndipo sabata yawo yonse inkatsamira pa mbale imeneyo.

"Apongozi, pensulo mwasongola?" anafunsa Nicanor tsikulo, akunyema buledi. "Lero ilemba dzina limodzi kawiri, isakathyoke panjira."

"Iweyo songola phazi. Pensulo siimwetsa."

"Ya ku Riofresno imamwetsa. Ndamva ili ndi zinayi, ikuposa theka la timu yathu."

Adelina anaseka, koma kuseka kwake kunali kwakufupi. Anawonjezera bambo ake nyemba ndi kachidutswa ka nyama yankhumba, n'kuwayang'ana nthawi yaitali kuposa mmene mbale inkafunira. Nicanor sanadye zambiri. Anatenga nsapato zake n'kutuluka nthawi ikadalipo.

Mvula inali itagwa m'mawa wonse. Bwalo la Peñalobar linasalazidwa pa zotaya za mgodi, ndipo likanyowa limasanduka phala lakuda. Pofika mphindi khumi osewera onse ankaoneka ngati angotuluka kumene pansi. Mudzi wonse unali pa mabenchi a kumbali ya tchalitchi, ngakhale amayi amene chaka chonse ankati mpira ndi matenda a amuna. Kuseri kwa golo kunali a Ovidio okha ndi ambulera yawo.

Choyamba chinabwera chigawo choyamba chisanathe. Unali mpira wa pakona, Nicanor n'kudumpha pakati pa anthu awiri n'kuugunda ndi chipumi. Chinali chigoli choyera, chopanda wochitsutsa. A Ovidio analemba dzina ndi mphindi yake n'kujambula mzere pansi pake, chifukwa nawonso anali munthu, ndipo mkamwini wawoyo ankamukonda kuposa mmene ankaonetsera.

Chigawo chachiwiri alendo anamuikira anthu awiri, wina womukoka jezi, wina womuponda zidendene. Anaphonya kamodzi ali yekha ndi goloboyi. Kenako anamenyetsa mtengo wa golo. Kutatsala mphindi zitatu kunabweranso kona, ndipo timu yonse inakwera kutsogolo, ngakhale Baudilio Ferreras, wotchinga kumbuyo wa kumanzere, mmisiri womanga nyumba, amene m'zaka khumi ndi zinayi za mu timu anali asanamwetsepo ngakhale pokonzekera. Wa alendo anauchotsa mpira ndi mutu, ndipo unagwera Nicanor kunja kwa bokosi. Anaumenya ndi mphamvu zonse zimene zinamutsalira.

A Ovidio anali mapazi anayi kuchokera pa mtengo wa golo, ndipo anaona zonse monga munthu amaonera chikhatho chake. Mpirawo unkapita kunja. Sunkapita kunja pang'ono ayi, ukanaudutsa mtengowo ndi mkono wathunthu, mwinanso ukanagunda ambulera yawo. Koma Baudilio anali atagwa m'matope pokankhana, ndipo nthawi imeneyo n'kuti akudzuka, atafulatira. Mpira unamuwomba kuseri kwa ntchafu, n'kutembenuka, n'kulowa muukonde.

Kuchokera pa mabenchi anthu anangoona mpira wokhota mwaluso. Anathamangira m'bwalo n'kumunyamula Nicanor pamapewa. Woyimbira, amene anali patali ndipo mtima wake unali kale pa basi yobwerera kwawo, analemba nambala naini, ya Nicanor, m'kabuku kake. Baudilio anatsamira mtengo wa golo akusisita ntchafu, ndipo maso ake atakumana ndi a Ovidio anawabweza msanga.

Goloboyi wa alendo, akutola mpira muukonde, analavula malovu akuda.

"Madala, inu mwaona," anatero. "Koma mukanena zanu zomwezo. Nonse a matelefoni ndinu mbava za mtundu umodzi."

A Ovidio anatsegula kabuku kawo. Analemba mphindi. Malo a dzina anawasiya opanda kanthu.

Telefoni imene ankaimbira inali ya mu bala ya Doña Herminia, pakhoma, pakati pa kalendala ndi miyendo ya nkhumba yopachika. Kuchokera kubwalo ndi ulendo wa mphindi zisanu. Don Celso, wapampando wa timu ndiponso mwini butchala, anawapeza asanafike pamlatho n'kuwagwira mkono ngati wachibale. Munthu ameneyu anali asanayambepo kuwapatsa moni m'zaka makumi atatu.

"Ziwiri za Tascón, Ovidio. Ukazitchule mokweza, amve mpaka ku Riofresno."

"Choyamba n'cha Tascón."

Don Celso anayenda mapazi atatu asanamvetse. "Ndiye chachiwiri n'changa?"

"Mpira unkapita kunja, Celso. Unagunda Baudilio."

"Baudilio." Anatchula dzinalo ngati wapeza tsitsi m'msuzi. "Ovidio, nthabwala zina zimafuna kusankha tsiku."

Anawasiya mkono n'kufulumira kutsogolo, ndipo pamene a Ovidio ankalowa mu bala, nyimbo inali italeka kale.

Munali anthu oposa makumi asanu, m'fungo la majekete onyowa, fodya ndi vinyo. Wotchi ya pamwamba pa mabotolo inkaonetsa kuti kwatsala mphindi makumi awiri kuti ikwane hafu pasiti seveni. Anthu anapatuka kuwasiyira njira yopita ku telefoni, koma inali njira yopapatiza, yoti mapewa azikhulana. Osewera anali atafika osasamba. Nicanor anakhala pa tebulo la pakona, tambula yodzadza ili patsogolo pake. Baudilio anaima pafupi ndi khomo ngati munthu wofuna kuzemba pamaliro.

"Baudilio, tabwera kuno," anatero a Ovidio.

Anabwera, akukoka mwendo.

"Mpira uja unakugunda?"

"Ine sindinamve kanthu, Don Ovidio."

"Nanga ukutsimphiniranji?"

"Ukalamba."

Wina anaseka kumbuyo, kusekako n'kufera m'khosi.

"Wamva," anatero Don Celso. "Mwini ntchafu akuti sanamve kanthu. Oyimbira alemba naini. Anthu mazana atatu aona naini. Iweyo ndiwe ndani, Mzimu Woyera?"

"Anthu mazana atatu anali kumbali ya tchalitchi. Ine ndinali kuseri kwa golo."

"Ndiye munaima malo olakwika," anatero wina wa mu mgodi, ndipo anzake anavomereza mong'ung'udza.

Baudilio anasendera pafupi n'kutsitsa mawu, ngakhale m'chipinda chotere kunong'ona kunkamveka mpaka kukhitchini.

"Musandipatse, chonde. Ndipita nacho kuti chigoli chimenecho? Mawa ndikumanga khoma kwa achimwene ake a Nicanor. Ana anga amaphunzira ndi ana a anthu awa. Zaka khumi ndi zinayi ndakhala bwinobwino wopanda chigoli, ndidzafanso bwinobwino wopanda chigoli."

"Ndiye unakugunda."

"Sindinatero ine."

Don Celso anatsamira pa kauntala n'kusintha mawu. Anayamba kulankhula mofatsa, monga ankachitira pogulitsa nyama imene yagona.

"Tiyeni tiwerenge bwino, poti iwe ndiwe wasukulu. Quiroga ali ndi zinayi zakuba, ndipo iwe wemwe unanena zimenezi pano pomwe. Chotsa zinayi pa zake, zatsala zingati? Munthu wathu anapambana kale mwezi watha. Palibe akukupempha kuti ube. Tikukupempha kuti ubweze chimodzi pa zinayi zimene anatibera."

Mawu amenewa anawalowa a Ovidio, chifukwa munali choona. Nicanor analidi womwetsa weniweni wa chaka chimenecho. Iwo eni anali atawerenga zimenezi kambirimbiri m'kabuku kawo. Anayang'ana telefoni, n'kuyang'ana manja awo. Akanakhala mwana wa munthu wina, bwenzi atamaliza kale kuimba. Koma khoswe anali atakhala pa mkhate, ndipo mkhatewo unali wokhawo umene anali nawo.

"Wa ku Riofresno adzayankha zake," anatero pomaliza. "Ine ndimatchula zimene ndaona."

"Adzayankha kwa ndani?" anafunsa Don Celso. "Adzayankha ali pa chithunzi, Nsapato ili m'manja."

Doña Herminia anasiya kupukuta matambula. Anali mayi wamasiye amene anaona ndewu zambiri ndipo sankafuna ina.

"Kwatsala mphindi khumi, Ovidio," anatero. Kenako anaweramira kwa iwo. "Ukapanda kuimba, atenga za oyimbira. Telefoni imafa kukagwa mvula, aliyense amadziwa. Khala pansi ndikuthirire khofi, nthawi idutse yokha. Sudzakhala utanama."

Inali njira yabwino, ndipo anthu amene anaimva mitima yawo inakhala pansi. Wina anawakokera mpando. A Ovidio anauyang'ana mpandowo, ndipo miyendo yawo, imene inali itaima maola awiri m'matope, inaufuna kwambiri.

Pamenepo Adelina analowa. Winawake anali atathamanga kukamuuza. Sanayang'ane mwamuna wake, analunjika kwa bambo ake n'kuima pakati pa iwo ndi khoma.

"Bambo."

"Pita kunyumba, mwanawe."

"Munthu uyu analowa pansi ali ndi zaka khumi ndi zisanu ndi ziwiri. Dzina lake silinalembedwepo paliponse, kupatula pa mndandanda wa pachipata cha mgodi. Chaka chamawa mawondo sadzamulola. Inu mukudziwa."

"Ndikudziwa."

"Sindinakupempheni kanthu chikulire. Khalani pampandopo." Anawakankhira mpandowo. "Mukatchula dzina lina pa telefoniyo, sindikudziwa ngati ndidzathe kukutsegulirani chitseko Lamlungu. Sindikukuopsezani, bambo. Ndikungokuuzani mmene nyumba yanga ilili."

A Ovidio anayang'ana kwa Nicanor. Akanafuna mawu amodzi okha kuchokera kwa iye, ngakhale otukwana. Nicanor anali maso pa tambula, matope atamuumira m'makutu, ndipo sanadzutse mutu.

Kunatsala mphindi zinayi. A Ovidio anapatsa Adelina ambulera kuti awagwirire, ngati kuti zimenezo n'zimene anabwerera, n'kumulambalala. Anatenga telefoni n'kuzunguza manambala. Mu bala monse munkamveka kubwerera kwa gudumu la manambalawo, limodzi ndi limodzi.

Anayankha anali a Robles, mkonzi wa tsamba la masewero, ndipo ankalankhula mokweza moti oyandikira ankamva mawu aliwonse.

"Carracedo, mwatsala nokha. Oyimbira adutsa pano, akuti mwapambana ziwiri kwa duu, zonse za Tascón. Mudzi wanu wadya Nsapato, akulu. Ndingolemba choncho?"

Panangofunika kuti eya. Sakanatchula dzina n'komwe. Adelina anatseka maso.

"Choyamba Tascón, mphindi ya makumi anayi," anatero a Ovidio. "Chachiwiri Ferreras."

"Ndani?"

"Baudilio Ferreras. Nambala fili. Kutatsala mphindi zitatu."



"Carracedo, mukudziwa tanthauzo la zimenezi? Ikupita ku Riofresno. Komanso Tascón uja si mkamwini wanu?"

"Mpira unkapita kunja. Ndinali kuseri kwa golo. Lembani."

"Chabwino, maso ndi anu," anatero a Robles, n'kudula.

Palibe anawamenya. Bwenzi zili bwino akanawamenya, chifukwa nkhonya imatha. Don Celso anavala chipewa chake n'kunena, osayang'ana aliyense, kuti pali anthu ena amene amakonda kuoneka oyera kuposa kukonda ana awo. Wina analavula pansi pafupi ndi nsapato yawo. Baudilio anatukwana chapansipansi n'kutuluka, osabisanso kutsimphina. Nicanor anaimirira, n'kumwa tambula yonse kamodzi, n'kudutsa pambali pawo ngati akudutsa mzati. Adelina anatsamiritsa ambulera pa kauntala n'kumutsatira. Pamene a Ovidio ankatuluka, njira inali yotakasuka, yokwanira ngolo.

Lolemba nyuzipepala inasindikiza mayina monga anawatchulira. Lachitatu inasindikiza chithunzi cha Quiroga atanyamula Nsapato ya Mkuwa, wogulitsa mankhwala uja ali pambali pake akumwetulira mano onse. Palibe munthu mmodzi wa ku Peñalobar amene anapita ku Riofresno kukafunsa za zinayi zija. Kunali kutali, makilomita asanu ndi awiri, ndipo anthu a kumeneko amabwezera. A Ovidio anali pafupi, anali okalamba, ndipo ankabwera okha pakhomo la aliyense m'mawa uliwonse.

Ndiye anawalanga pamakomo pomwepo. Amayi amene ankawadikira ndi khofi anayamba kuyankha ali m'kati kuti kalata ingolowetsedwa pansi pa chitseko. Amuna amene a Ovidio anawalembera makalata opempha penshoni, chifukwa eni ake sankatha kulemba mzere wowongoka, ankawoloka msewu akawaona. Wansembe, amene ankatha kulalikira ola lathunthu za mboni yonama, sanapezepo mawu ngakhale amodzi. Baudilio naye sanapulumuke. Akakwera pa khoma, anthu odutsa ankamufuulira kuti Pichichi, tatsika utisainire. Anasiya mpira mwezi womwewo, ndipo mpaka imfa yake sanawapatsenso moni a Ovidio.

Lamlungu lotsatira a Ovidio anameta ndevu, n'kuvala jekete lawo labwino, n'kugula buledi. Anafika pa khomo la mwana wawo nthawi yawo ya masiku onse. Anaima kanthawi asanagogode. M'kati munkamveka mbale, ndipo atagogoda mbalezo zinaleka.

Adelina anatsegula chitseko theka. Maso ake anali otupa. M'manja anali ndi kapoto kokulungidwa ndi nsalu, kakadali kotentha, ndipo zinali zoonekeratu kuti anakakonza kale.

"Mukadyere kunyumba, bambo. Poto mudzandisiyire kwa a Herminia."

A Ovidio analandira potoyo, buledi ali kukhwapa. Asanatembenuke, Nicanor anatulukira kumbuyo kwa mkazi wake, atavala malaya amkati, n'kugwira chitseko ndi dzanja limodzi. A Ovidio anaganiza kuti mwina achitsegula chonse.

"Apongozi."

"Nicanor, mpira uja..."

"Unamugunda Baudilio, ndikudziwa. Ndinadziwa kuti ukupita kunja usanachoke n'komwe kuphazi. Ndinaona bwino kuposa inu."

"Ndiye ukanatero mu bala muja. Mawu amodzi okha, anthu akanandisiya."

"Ndikanatero, eya." Nicanor anakanda chibwano. Sankalankhula mokwiya, ndipo zimenezo ndi zimene zinkawawa. "Koma ine sindinkadikira kumva zimene munaona. Ndinkafuna ndione ngati m'mudzi muno muli munthu mmodzi woti angandinamire kamodzi. Ndinkayesa ndinu."

"Ndikanakunamira, chigoli chako choyamba chikanakhala chiyani? Ndi zinzake makumi awiri ndi zinayi? Onse akanati n'za apongozi."

"Akanati choncho, koma Nsapato ili pa shelefu." Anayang'ana poto. "Pitani, chakudya chikuzizira."

Chitseko chinatsekedwa mosamenyetsa. A Ovidio anatsika msewu wa tchalitchi atafungata poto, anthu akuwasuzumira m'mawindo.

Anapuma ntchito ya positi kumapeto a chaka chomwecho, koma telefoni sanaisiye, ngakhale Don Celso analembera nyuzipepala kawiri kupempha munthu wina. Nicanor anasewera nyengo ina imodzi ndi mawondo omanga ndi nsalu, n'kumwetsa khumi ndi chimodzi. A Ovidio anazionera zonse kuseri kwa golo n'kuzitchula zonse pa telefoni ya kwa Herminia, Tascón, Tascón, mwini dzina ali pa tebulo la pakona atawafulatira. Poto ankabwera Lamlungu lililonse, ndipo patapita miyezi Adelina anayamba kumubweretsa yekha kunyumba kwawo n'kukhala nawo mphindi zingapo, chovala chakunja osavula. M'nyumba ya mkamwini wawo sanalowemonso. A Ovidio anamwalira patapita zaka zisanu ndi ziwiri, m'nyengo yozizira, ndipo pa anthu anayi onyamula bokosi, atatu anachita kuchokera ku positi ya m'tauni. Wachinayi anali Nicanor, amene ananyamula kutsogolo osalankhula ndi munthu, ndipo atangofika pamanda anavala chipewa n'kupita kukalowa ntchito ya masana.